Eveless ndi Imfa za Madamu Thekla

Eveless Kachingwe adabadwira ku Tsangano, m'boma la Ntcheu, kumene nkhungu imagona m'mizere ya kachewere mpaka dzuwa litakwera. Adali wamfupi, wojintcha, wa mawu aakulu osalingana ndi msinkhu wake. Sukulu adalekezera Fomu 2, ndipo ali namwali adalowa m'kagulu ka zisudzo komwe kankayenda m'misika ya Lizulu ndi Kampepuza kuchenjeza anthu za Edzi. Kaguluko kadalibe siteji. Ankangothira phulusa pafumbi mozungulira, mkati mwa mzerewo n'kukhala bwalo. Eveless ankasewera mkazi wamasiye nthawi zonse, ndipo akayamba kubuma, amayi ogulitsa kabichi ankapukuta m'maso ndi nsonga za zitenje. Mtsogoleri wawo, mphunzitsi wopuma pantchito, adali ndi lamulo limodzi lokha: sewero likayamba, wa kunja kwa phulusa salowa mkati, zivute zitani.

Umasiye wongoyerekezawo udadzamupeza weniweni. Mwamuna wake, woyendetsa malole, adafera pa ngozi ku Tete, namusiyira ana aakazi awiri. Eveless adalima, adakazinga zitumbuwa, adachapa m'nyumba za eni ku Lilongwe. M'chaka cha 2018, ali ndi zaka makumi anayi, adasiya anawo m'manja mwa amayi ake n'kukwera ndege ya ku Doha.

Adakamutula ku Al Duhail, mu mpanda wa nyumba zofanana ngati mazira a nkhuku imodzi. Mwini nyumbayo adali Mgiriki wina dzina lake Manolis, injiniya wa pa bwalo la mpira lomwe linkamangidwa ku Al Thumama, munthu wa imvi zoyamba kumene, wosakonda kulankhula, amene mkazi adamuchokera kalekale. Ntchito ya Eveless idali kusamalira mayi ake a bwanayo. Gogoyo adathyoka fupa la m'chiuno kwawo ku Girisi, madokotala n'kuikamo chitsulo, mwana wawo n'kuwatenga kuti azikhala nawo.

Tsiku loyamba Eveless adagwada monga adaleredwera, nalonjera m'Chingerezi chake cha ku Tsangano kuti, "Muli bwanji, agogo?"

Nkhalambayo idamuyeza ndi maso kuyambira kumutu mpaka kuzala.

"Gogo ndi amako. Ine ndine Madamu Thekla. Dzukapo, ukudetsa kapeti."

Dzina la Eveless sadaliphunzire. Mayi wa ana awiri ankangomuitana kuti "mtsikana".

Mbiri yawo Eveless adaitola pang'onopang'ono, kuchokera m'sutikesi yachikopa yomwe inkakhala kunsi kwa bedi, yodzaza ndi zithunzi, mapepala a nyuzi ofiirira ndi diresi imodzi yakuda yokutidwa bwino. A Thekla adabadwira ku Tesalonika, dzina lomwe Eveless ankangolimva ku tchalitchi, osadziwa kuti nakonso kuli anthu ophika ndi kuchapa. Bambo awo adali osoka nsapato. Ali ndi zaka khumi ndi zisanu ndi chimodzi adathawa pakhomo ndi gulu la zisudzo loyenda m'midzi pa lole, lomwe malipiro ake nthawi zina adali mazira ndi buledi, ndipo bambo awowo sadawalankhulenso mpaka kulowa m'manda. Atafika ku Atene adalowa m'makanema a nthawi ija, akuda ndi oyera, okwana makumi atatu ndi anayi. Malo a mkwatibwi sadapatsidwepo. Eni makanema ankati nkhope yawo ndi ya mkazi wolanda mwamuna wa mwini, ndipo mkazi wotere kanema asanathe ayenera kufa. Motero adafa ndi mpeni, adafa ndi poizoni, adafa ndi chifuwa chachikulu, adamira m'nyanja kawiri. Anthu adayamba kugula matikiti kuti akaone chabe m'mene Thekla afere ulendo uno. Chilimwe china adasewera m'bwalo lakalekale la miyala, losemedwa m'phiri, pamaso pa anthu zikwi khumi. Atagwa, phiri lonse lidangoti zii, mpaka nkhululu zidamveka. Kenaka manja adagwa ngati matalala pa malata.

Nkhani imeneyo ankaifotokoza kawiri pa sabata. Zotsalazo ankazinena mothamanga. Mwamuna wawo, wotsogolera zisudzo, adawasiya n'kutenga mtsikana amene ankawapesa tsitsi. Manolis adakulira kwa mng'ono wawo. "Ndinkamuona pa Khirisimasi," ankatero, uku akudula zikhadabo. Ukalamba udadza, chuma cha dziko lawo chidagwa, nyumba zambiri za zisudzo zidatsekedwa, nyumba yawo idagulitsidwa. Mwanayo adawatenga monga munthu atolera katundu wa malemu, chifukwa palibe wina woti atole.

Tsiku lina Eveless adalimba mtima n'kuwauza kuti nayenso adachitako zisudzo. A Thekla adaseka mpaka kutsamwa.

"Pamsika? Pakati pa mbuzi?"

Koma kuyambira pamenepo ankamuyang'ana ndi diso lina.

Kenaka mliri wa korona udafika. Misika idatsekedwa, mizikiti ndi matchalitchi zidatsekedwa, okalamba adauzidwa kuti asatuluke. Bwana Manolis adachotsa tsiku la Lachisanu lomwe Eveless ankapuma. "Ungatibweretsere matenda," adatero, ngakhale iye ankatuluka m'mawa uliwonse kupita kuntchito kwa anthu mazanamazana. Eveless adangomvera. Kwa eni kulibe mkuwe. Akazi awiriwo adatsala m'nyumbamo okha, tsiku ndi tsiku, makina oziziritsa akung'ung'udza, kunja dzuwa likuwotcha makoma.

Masana ena a mwezi wa Epulo, Eveless akupinda zovala m'chipinda cha madamu, a Thekla adasiya ndodo yawo, naima pakati pa chipinda. Adayamba kulankhula Chigiriki ndi mawu ochokera pansi pa mimba, omwe Eveless adali asanawamvepo. Adatambasula dzanja, adagwira pakhosi, n'kugwa khu!

"Mayo ine!" Eveless adataya zovala, nalumpha, nawanyamula mutu.

Mbama idamupeza pakamwa. Mphete idamung'amba mlomo.

"Chitsiru! Wandionongera imfa yanga! Zaka makumi asanu palibe adandikhudzapo ndisanadzuke ndekha. Si iwe unkati ndiwe wazisudzo?"

Akupukuta magazi, adalandira phunziro. A Thekla adamuonetsa m'mene wodziwa amagwera: bondo liyambe, kenaka ntchafu ya mbali yabwino, kenaka phewa, mutu utsamire pa mkono. Ngakhale ndi chitsulo m'chiuno, ankagwa mofewa ngati nsalu.

"Tamvera, mtsikana. Wakufa wa pa siteji sadzutsidwa ndi dokotala, amadzutsidwa ndi manja. Ndikagwa, ukhale chete. Uwerenge mpaka khumi mumtima. Ukatero uziomba. Ndikapanda kudzuka, ndiye kuti manja ako ndi aulesi, uwonjezere. Ndipo ukamuuza Manolis, ndidzanena kuti udandikankha."

Manolis adali atawaletsa ngakhale kuwerama, poti dokotala adanena kuti kugwa kwina kudzakhala komaliza. Choncho sewero lidakhala chinsinsi cha m'chipinda, nthawi ya fili koloko, bwana ali kuntchito. Eveless ankakhala pa kampando ka pagalasi, ndipo m'mphepete mwa kapeti ndimo mudali malire. Masiku ena madamu ankadzuka msanga, nawerama momwetulira. Masiku ena ankagona pansipo mphindi zisanu mwadala, kufikira zikhatho za Eveless zitatentha ngati wagwira mbaula. Kamodzi adachita mantha, nawakhudza chala cha kuphazi kuti aone ngati akupuma. Madzulo ake a Thekla adauza mwana wawo kuti mtsikanayu amangokhalira foni, ndipo foniyo idalandidwa sabata yathunthu, ana ake ku Tsangano n'kumalira kuti mwina mliri wawatengera mayi.

Komabe nthawi ya fili koloko idayamba kumukomera. Chigiriki sankachimva, koma ankadziwa pamene mkazi wa m'seweroyo akupempha, pamene akutemberera, pamene wataya mtima. Nkhalamba yovuta ija, yonunkha mankhwala opaka, inkatalika pamaso pake n'kusanduka mfumukazi. Tsiku lina madamu adati, "Tandionetsa za kumbuzi kwanu zija." Eveless adamanga chitenje m'chiuno, nabuma maliro a mkazi wamasiye monga ankachitira pa Lizulu. Atamaliza, a Thekla adangotenga lalanje la pa mbale yawo, nalisenda okha, namupatsa theka.

Mwezi wa Seputembala foni idalira. Adali Felister, mtsikana wa ku Balaka yemwe adadziwana naye ku tchalitchi mliri usanadze, woyang'anira okonza zipinda pa hotela ina ku Bin Mahmoud.

"Achemwali, mwamva? Lamulo lasintha. Zopempha kalata ya chilolezo kwa bwana kuti musinthe ntchito zatha. Mungopereka notisi, basi, khalasi!"

"Iwe Feli, usandinamize. Ngakhale ife a m'nyumba?"

"Ngakhale inu a m'nyumba. Kuno akufuna anthu atatu a m'marumu. Shifiti maawazi eyiti, ofu yanuyanu, foni m'thumba mwanu. Mwapitirira zaka ziwiri, ndiye notisi yanu ndi miyezi iwiri. Koma mumalize bwinobwino, achemwali, chifukwa kuno amafunsa kumene munthu wachokera. Kapena mwakwatiwa ndi gogo wanuyo?"

"Choka iwe! Lobola wake ndani angapereke?"

Adaseka onse. Kuyambira tsiku limenelo mtima wa Eveless udali pa chinthu chimodzi: kumaliza miyezi iwiriyo popanda banga, n'kutuluka pa geti ndi dzina loyera, kukayamba ntchito yokhala ndi nthawi yowerukira.

Manolis adawerenga notisiyo ali chiimire.

"Lamulo ndi lamulo," adatero. "Koma amayiwa udawaganizira?"

M'mawa mwake kudabwera amisiri, naika makamera pabalaza, kukhitchini ndi pakhomo. Bwanayo adati munthu amene akuchoka manja ake amatalika. Kuzipinda zogona sadaikeko.

A Thekla adalandira nkhaniyo ndi msunamo. "Onse amachoka katani isanatsekedwe," adatero, natembenukira kukhoma. Masewero adaleka. Ankaliza belu lawo kakhumi pa ola, Eveless akafika n'kumufunsa kuti akufuna chiyani. Ankataya supu pa nsalu zochapa kumene. Dzina la "mtsikana" lidasanduka "wahotela". Eveless ankangopukuta, nachongera masiku pa kalendala ya kukhitchini.

Atatsala masiku atatu, belu lidalira nthawi ya fili koloko.

"Tulutsa diresi yakuda ija. Undipese. Milomo ndipaka ndekha, iwe ungandisandutse nyau."

Eveless adawaveka, mtima ukumwetulira, poti adali atapukwa masewero aja.

"Lero osati muno, n'mothina. Tipite pabalaza, pali masitepe."

"Madamu, pabalaza pali kamera. Abwana aona."

"Ine kamera sindiiopa, ndidakulira pamaso pake. Manolis sadandionerepo ndi kamodzi komwe, ayambira lero?" Adamugwira pamkono, mwina koyamba popanda kumutsina. "Iyi ndi imfa yomwe ndidafa m'phiri muja. Sindidaibwerezepo kwa munthu. Ndikupatsa iwe, upite nayo kuhotela kwakoko. Ukangoyerekeza kundisokoneza, ndikuswa mano."

Eveless adakhala pa sofa, manja pa maondo. A Thekla adaima pa sitepe yachiwiri, dzanja limodzi pa chogwirira, nayamba. Mawu adadzaza nyumba yonse mpaka matambula a m'kabati adanjenjemera. Adatsika sitepe imodzi, adatsika ina, nafika pa kapeti, maso ali kutali, kuphiri kwawo. Pakati pa chiganizo liwu lidathyoka. Lilime lidalemera, mawu n'kumatuluka ophwanyika. Mlomo udakokera mbali imodzi. Dzanja lamanja, lomwe lidali m'mwamba, lidagwa lokha ngati nthambi yodulidwa. Kenaka thupi lonse lidatsatira, losayamba ndi bondo, losasamala phewa, phi! ngati thumba la chimanga.

Tsitsi la Eveless lidaima. Mumtima adati, lero ndiye aposa masiku onse, n'chifukwa chake anthu zikwi khumi adakhala chete. Adawerenga mpaka khumi, nayamba kuomba.

Madamu sadadzuke. Eveless adawonjezera. Adaimirira, naomba manja ali pamwamba pa mutu, nafuula "Bravo!" monga adaphunzitsidwira. Misozi inkatsika, iye akuseka ndi chimwemwe, poti mphatso yotere palibe adampatsapo chibadwire. Chingoni chidamukwera, naika dzanja pakamwa n'kuimba nthungululu, mapazi akuponda pansi.

Diso limodzi la a Thekla lidali lotsegula, likumuyang'ana. Zala za dzanja lamanzere zinkakanda kapeti. Kamtima kena kadamuuza Eveless kuti apite, koma chipsera cha pamlomo chidamukumbutsa mbama, ndipo sabata ija yopanda foni adali asanaiiwale. Kwatsala masiku atatu okha, adadziuza, usaononge. Ndiponso wa kunja kwa phulusa salowa mkati. Akufuna manja ambiri lero, ndi tsiku lotsanzikana. Adaomba mpaka zikhatho zidachita dzanzi.

Chidamuimitsa ndi chinyezi. Chidayamba pansi pa diresi yakuda, n'kumafalikira pa kapeti pang'onopang'ono. A Thekla akadatha kunamiza dziko lonse, koma diresi imeneyo sakadaiipitsira dala. Eveless adagwa pa maondo, nakwawira pa kapetiyo.

"Madamu! Madamu Thekla! Amayi!"

Ambulansi sidachedwe. Nasibu, mlonda wa pa geti, Myao wa ku Machinga amene m'mawa uliwonse ankamulonjera kuti "Mwadzuka, achemwali anga?", adathamanga patsogolo pake kulozera nyumba. Anthu ovala zoyera kuyambira kumutu mpaka kuphazi adawanyamula madamu. Chifukwa cha mliri, Eveless sadaloledwe kukwera nawo. Adatsala akuchapa kapeti.

M'mawa mwake Manolis adamuitanira pa tebulo lodyera. Maso ake adali ofiira. Adatembenuza kompyuta kuti Eveless aone.

Kamera ija sinkajambula mawu. Pa galasipo pankaoneka nkhalamba ikugwa, ndi wantchito wakuda, wojintcha, atakhala phee pa sofa. Kenaka wantchitoyo akuomba m'manja, akuimirira, mano onse pamtunda, akuvina pambali pa munthu amene akukanda pansi. Pakona manambala ankayenda. Manolis adawalozera ndi chala.

"Mphindi khumi ndi imodzi. Ndi sitiroko. Mbali yonse yamanja yafa, ndipo salankhula. Adokotala adandifunsa kuti adagona pansi nthawi yaitali bwanji, ine n'kunena kuti wantchito wanga adaimba foni pompopompo."

Eveless adagwada, nafotokoza zonse: za fili koloko, za mbama, za kuwerenga mpaka khumi, za manja odzutsa wakufa. Mawu ake omwe ankamveka opusa m'makutu mwake.

"Amayi anga ali ndi zaka makumi asanu ndi atatu ndi chitsulo m'chiuno. Ukuti amadzigwetsa pansi tsiku ndi tsiku?"

"Eya, bwana. M'chipinda mwawo."

"M'chipinda, mopanda kamera. Wachenjera. Kulakatula ndikudziwa kuti amalakatula, adandilakatulira ubwana wanga wonse pa foni. Koma munthu wagwa, iwe n'kumavina? Udawaveka ngati chidole kuti uziseka."

"Afunseni, bwana. Chonde, afunseni eni ake."

Tsiku lomwe adayenera kutuluka pa geti lidafika n'kupita, iye ali m'kachipinda kake, sutikesi yomangamanga ili pakhomo. Pa tsiku lachisanu a kuchipatala adati wodwala wayamba kumva zonena anthu, ndipo akuyankha ndi mutu. Namwino adawagwirira foni. Manolis adaika yake pa tebulo, naitana Eveless.

Nkhope ya pa foniyo idali yaing'ono, yopanda utoto, tsitsi lomwazika pa pilo. Manolis adafunsa m'Chigiriki, nabwereza m'Chingerezi kuti Eveless amve.

"Amayi, kodi mudamuuza mtsikanayu kuti mukagwa asakukhudzeni? Mudamuuza kuti aziomba m'manja?"

Eveless adasendera pafupi ndi maondo.

"Madamu, ndine. Ndine mtsikana wanu uja. Auzeni, madamu."

Diso lamoyo lija lidamupeza, lidakhala pa iye nthawi yaitali. Kenaka chibwano chidakwera m'mwamba pang'ono, nsidze imodzi n'kutsatira.

Mlendo akadayesa kuti avomera. Koma Eveless adali atakhala m'nyumba ya Agiriki zaka ziwiri ndi theka, ndipo ankadziwa kuti kwawoko munthu akakana sapukusa mutu, amautukula. Ankachiona m'mawa uliwonse akabwera ndi mapiritsi. Kaya kudali kuopa mwana wawo, kaya matenda adali atafufuta zonse, kaya kudali kulanga munthu wochoka katani isanatsekedwe, palibe adzadziwe. Manolis adathimitsa foni.

Tsiku lomwelo adatumiza kanemayo kwa akuluakulu a hotela ija, ndi mawu ochepa akuti adziwe munthu amene akufuna kumulemba. Felister adaimba chakumadzulo, mawu ali pansi.

"Achemwali, malo aja apatsa wina. Ndayesetsa, Mulungu ndi mboni, mpaka ineyo andifunsa kuti ndimabweretsa anthu otani. Ndiye wina wa mu ofesi watumiza kanema ija pa gulu lathu la pa foni, panopa Amalawi onse a mu Doha aiona."

"Feli, iwe ukundidziwa."

"Ndikukudziwani, eya." Felister adatsitsanso mawu. "Koma tili awiri, achemwali. Dzanja pakamwa lija tonse taliona, nthungululu zijazi zidali za chiyani?"

Eveless adatsegula pakamwa, koma nkhaniyo idali yaitali, ndipo adali ataifotokoza kale kamodzi osaphula kanthu.

Manolis adamuikira pepala ndi cholembera. Adati asankhe: asayine kuti akubwerera kwawo mwa kufuna kwake, tikiti ilipo kale, kapena kanemayo apite nayo kupolisi. Lamulo latsopano lija lidali lilipobe, lolembedwa bwino lomwe, koma lidali la munthu amene ali ndi kopita. Eveless adasayina.

Pa geti Nasibu adali mkati mwa kanyumba kake, masiki ali kumaso. Eveless adatsitsa galasi la takisi.

"Achimwene, ndapita. Tsalani bwino."

Nasibu adakweza chitsulo chotchinga msewu, maso ali m'buku lake la alendo.

"Nanenso amayi anga ndi okalamba," adatero. "Yala, pitani."

Madamu Thekla adakhala chigonere miyezi isanu ndi inayi, osatulutsanso liwu, namwalira chaka chotsatira. Felister ndiye adatumiza uthengawo, mizere iwiri, ndipo udali womaliza pakati pawo.

Ku Tsangano kanema ija idafika Eveless asanafike. Idayenda m'mafoni a pa msika, ya ogulitsa kachewere ndi ya anyamata a kabaza, ndipo aliyense adaiikira mawu ake poti idalibe mawu. Ena adati adalodza mzunguyo, ena adati Doha idamuzunguza mutu. Ana ake adasiya kupita ku kwaya. Amayi a Mvano adamulandira ndi ulemu, namupatsa mpando, koma pogawana maina a okazonda odwala, lake lidalumphidwa, ndipo mwezi wotsatira lidalumphidwanso. Adabwerera ku dimba la malemu bambo ake, nabzala kabichi. Mawu ake aakulu aja adachepa, kotero kuti ogula ankachita kumufunsa kawiri mtengo.

Patapita zaka ziwiri amayi ake omubereka adadwala, nagona osadzuka. Pa ana onse, Eveless yekha ndiye ankadziwa kutembenuza wodwala kuti asachite zilonda, kumusambitsa ali pa mphasa, kumumwetsa osamutsamwitsa. Adalawira m'mamawa, naphika phala losalala, nalowa nalo m'nyumba. Adapeza mkulu wake Winnie, amene adabwera dzulo lake kuchokera ku Dedza, atakhala kale pambali pa mphasa. Winnie adalandira mbaleyo ndi manja awiri, mwaulemu wonse.

"Zikomo, mng'ono wanga. Ndiwamwetsa ndekha."

"Achemwali, amafunika kuwadzutsa kaye pang'ono, mutu ukhale chonchi. Tandilolani ndikuonetseni."

"Tidakambirana ndi achimwene kuti amayi azikhala ndi ine kapena alamu. Usadandaule, si kanthu." Adaomola phala ndi sipuni, naliuzira. "Iwe kathirire kabichi, dzuwa lisanakwere."

Eveless adatuluka m'nyumbamo. Kenaka adatenga kheni kuseri kwa nkhokwe, natsetserekera kudimba.